Duwa la kuseri kwa bafa

Mpaka lero amayi ena a kumpingo kwathu akandiona amayamba kutsokomola dala. Ndiye ndati ndifotokoze ndekha, chifukwa nkhani ikamayenda pakamwa pa anthu imanenepa.

Mtengwa wanga Nabanda, popita kukadikirira kuchipatala ku Mtengowanthenga, anandisiyira ntchito imodzi yokha. Anandikokera kuseri kwa bafa, pamene pamatsikira madzi osamba, n'kundionetsa kachitsamba kolekeza m'chiuno.

"Amayi, uyu ndi haibisikasi wa m'dambo. Safuna dothi louma. Ndowa m'mawa, ndowa madzulo. Chonde asafote."

Ndinavomera, koma mtima unakana. Duwa lanji lodzala kobisika? Maluwa timadzala pakhomo kuti alendo aone. Nanga duwa lanji lomwa ndowa ziwiri pa tsiku, pamene chimanga chonse cha ku Bowe chimadikira mvula?

Tsiku lachitatu ndinavala magalasi n'kuyang'anitsitsa masamba. Mayo ine! Zala zisanu, zazitali, zamanomano m'mbali. Chamba! Pakhomo panga ine! Nthawi yomweyo ndinaona m'maso mwanga apolisi atamanga mwana wanga, khanda likubadwa bambo wake ali kundende.

Mwana wangayo sindinamufunse (mwamuna akakonda mkazi amanama mopanda manyazi). Ndinangosiya kuthirira kuti chiume chokha, ndidzanamizire dzuwa. Koma madzi a kubafa ankachitsitsimutsabe. Ndiye ndinalamula kuti aliyense azisambira kuseri kwa khola, ati pabafa ndaonapo njoka.

Komabe ndinafuna umboni. Ndinathyola masamba, kuwaumitsa padenga, kuwamanga pakansalu, ulendo kwa aLikisho, tenanti wa pa esiteti ya fodya yoyandikana nafe, amene maso awo amakhala ofiira chaka chonse.

"Tandiyeserani izi," ndinanong'ona.

"Agogo! Nanunso mwayamba?"

"Inu, sutani. Mafunso n'ngachiyani?"

Anapichira papepala, anakoka kawiri, n'kutsokomola mpaka misozi.

"Mukufuna kundipha? Awa ndi masamba wamba! Akupusitsani, agogo. Mukafuna chenicheni muzibwera kwa ine, ndizikupatsani chabwino."

Potembenuka ndinapeza mayi Nagama, mlembi wa amayi kumpingo, ataima panjira ndi nkhuni pamutu, kukamwa kuli yasa. Anamva mawu omalizawo okha basi. (Lamulungu lake palibe amene anakhala nane pa benchi.)

Ndinathamangira kuseri kwa bafa. Chitsamba chija chinali gwa, masamba onse ali pansi, patangotsala timitengo. Ndinathira ndowa zisanu zotsatizana, mpaka matope, koma sichinasinthe.

Patapita masiku anayi Nabanda anabwera ndi khanda lalikazi. Tisanamalize n'komwe kululutira, iye anazungulira kuseri kwa bafa. Ndinamutsatira pang'onopang'ono. Anawerama n'kugwira timitengo tija.

"Amayi," anatero motsitsa mawu, "muzu wake anandipatsa ndi malemu mayi anga ku Mvera. Ndi chokhacho chimene ndinatsala nacho cha iwo."

Pamenepo ndiye ndinadzidzimuka kuposa tsiku la masamba lija. Ndinakhala pansi pamatope pomwepo n'kuulula zonse: za njoka yabodza, za denga, za aLikisho. Sanaseke, sanakalipe. Anatenga mpeni, anadula timitengo touma tija, n'kukanda pansi ndi chala.

"Muzu ukadali wofewa. Dothi likapanda kuumanso, mwina uphuka."

Kuyambira tsiku limenelo mjigo unandidziwa. M'mawa ndowa, madzulo ndowa, msana ukulira, osalola wina aliyense kundithandiza (angathire theka n'kunena kuti yadzaza). Nabanda ankandipatsa moni wa ulemu koma wouma. Tsiku limene timasamba tofiirira tinatuluka, anandiyika khanda pamiyendo n'kunena kuti, "Gwirani mdzukulu wanu, lero ndithirira ine."

Litamasula, duwalo linali lofiira psuu, lalikulu ngati mbale. Ndinakatenga mayi Nagama ndi dzanja kuti adzaone okha.

"N'lokongoladi," anatero. "Koma aLikisho akuti simunapitenso. Mwapeza kwina?"

Dzulo Nabanda anadzala chinthu china pafupi ndi khola, akuti ndi chothira mu tiyi. Ndikuthirira bwinobwino monga anandiuzira. Koma tsamba limodzi ndathyolapo kale, lili m'kansalu. Chimene ndikusowa ndi munthu wopanda pakamwa woti andiyesere.