Tsiku limene ndinagwada m'pabu

Mpaka lero basi ikamadutsa pa pabu ija ndimayang'ana pansi.

Amuna anga, bambo a Tadala, ankadandaula kuti chibwerereni ku Birmingham ndinasiya kugwada powapatsa chakudya. (Munthu wachokera ku shifiti kuchipatala, mapazi atatupa, agwadenso?) Ndiye Loweruka lina ananditengera ku pabu yakalekale, ya mitanda yakuda ndi denga lofupika, ija amati inamangidwa azungu asanafike n'komwe ku Nyasaland. Ine mayi wa kwaya kulowa m'bala ndinakayika, koma anati masana anthu amangodyamo nyama yootcha.

Titangokhala, kunabwera mtsikana woperekera zakudya, wa tsitsi lofiira, mano oyera mbee. Anafika pambali pa amuna anga n'kugwada bondo limodzi, kuwafunsa chomwe adye.

Bambo aja nkhope inawala.

"Mwaona, mayi a Tadala? Mwana woleredwa uyu. Mzungu, koma ulemu wake wa ku Ntchisi."

Nsanje inandigwira. Zoti amatero pa tebulo lililonse kuti amve bwino m'phokosomo, ine sindinafune kuziona. Anabwera ndi madzi, kugwadanso. Bambo ndiye mafunso osatha, za msuzi, za mbatata, za mbiri ya nyumbayo (munthu woti mbiri yakale analephera ku sekondale).

Chakudya chitafika ndinati ayi, mwamunayu ndi wanga. Ndinalanda mbale, kuzungulira tebulo, n'kugwada mwachichewa, mawondo onse awiri, n'kuwagwira dzanja kuti alandire.

Pabu yonse inatembenukira kwa ife. Kenako agogo ena anakuwa, anthu n'kuyamba kuwomba m'manja, mafoni m'mwamba. Ndinali nditaiwala kuti kuno munthu akagwada m'malo odyera ndiye kuti akufunsira ukwati.

Amuna anga, m'malo mondipulumutsa, anaimirira n'kulengeza m'Chingerezi kuti avomera.

Ndiyese kudzuka, bondo linakana. Amene anandidzutsa, mochita kundigwira m'khwapa ngati wodwala wa m'wodi mwanga, ndi mtsikana yemwe uja. Anatibweretseranso keke.

Pobwerera bambo anati, "Ku Lilongwe munandizunguza musanandilole. Ine mwaona, ndakulolani pompo."

Za kugwada sanazitchulenso. Koma kutchalitchi kwathu ku Aston aliyense akudziwa kuti ndinawafunsira ndine, ndipo eni ake akuti tikadyekonso ku pabu ija. Ndawauza kuti tidzapita tsiku limene mtsikanayo adzakhale pa ofu.