Makola a Kumaloto

Lolemba

Apongozi aakazi akubwera Lamulungu kuchokera ku Manyamula. Mawu awo atsogola kale: akuti anapereka ng'ombe zawo za lobola, koma mkazi wa mwana wawo sadziwa ngakhale kuyankha moni m'Chitumbuka. Akuti ndilibe pakamwa. Ine! Mwana wa ku Dedza, amene kwathu ndikayamba kulankhula ngakhale wailesi amaizimitsa!

Pulani yanga:
1. Kuloweza moni.
2. Kugwada bwino.
3. Kuwatseka pakamwa mwaulemu.

Abambo akunyumba akuti nzosavuta. Apongozi akati "Muli uli?" ine ndiyankhe kuti "Nili makola." Makola? A ng'ombe? Akuti ayi, kuno ndiye kuti "ndili bwino." Anthu oyeza thanzi ndi makola, sindinawaonepo.

Lachiwiri

Ndikusoka pakhonde la sitolo pano pa Boma la Mzimba, phazi likupalasa makina, pakamwa pakuti nili makola, nili makola. Dzuwa la masana, ndawodzera. Ndalota.

Mzimba yemweyu koma wina. Msika uli pamwamba pa phiri, mitambo ili ndi maluwa ngati chitenje, ndipo aliyense wodutsa akupereka moni. Mayi wina akuti, "Muli uli?" Ndikuyankha mosajejema. Phu! Nthaka yang'ambika, mitengo ikutumphuka, makola atatu amera pakati pa msewu, ndi ndowe zomwe. Ng'ombe mulibe. Chipongwe chenicheni! Bola mukanakhala ndi kamwana ka ng'ombe.

Lachitatu

Ndabwererakonso. Makola adzulo akadalipo, ndipo ndawonjezera ena: pa depoti, pamalo ogulitsira tomato, pakhomo pa chigayo. Akabaza akundilalatira kuti ndatseka njira.

Chikundiwawa ndi ichi: eni dera akunena mawu omwewo, osamera kanthu. Ndikanena ine, phu! Tsankho mpaka kumaloto!

Kumapeto kwa msewu ndikuwaona apongozi, akhala pamphasa, akundidikira. Ndikasuntha pang'ono, wina wandipatsa moni, ndayankha, makola ena aima pakati pathu. Apongozi akungocheperachepera kutali.

Lachinayi

Lero sindigona masana. Tiyi makapu atatu. Zotsatira zake:
- ndasoka thumba la buluku la aphunzitsi ena mpaka kulitseka
- ndadzibaya singano
- ndagonabe

Kumalotoko ndayesa kukhala chete. Makola sakumera, inde, koma msika wonse ukuimba m'mawu a apongozi kuti, "Alibe pakamwa! Alibe pakamwa!" Ndadzuka thukuta kamukamu.

Che Mariamu, ogulitsa zitenje pafupi nane, akuti, "Mawu amakana munthu wowaseka." Zikomo, achemwali, koma mawuwo ndi amene akundiseka ine. Ndawafotokozera abambo akunyumba. Aseka mpaka kutsamwa ndi mbatata. Sindiwauzanso kanthu.

Lachisanu

Ndautulukira mutu wa nkhani! Makola ndi ambiri. Ine ndine munthu mmodzi. Munthu mmodzi angakhale bwanji makola? Nchifukwa chake akumera atatuatatu. Chitumbukachi chinangosowa wochiwongola.

Ndayesa kumaloto. "Muli uli?" "Nili khola." Kamera kakhola kamodzi, kofika m'mawondo. Ndakalumpha. Wina wandipatsanso moni, ndalumphanso. Mpaka ndafika pamphasa paja! Apongozi a kumaloto akumwetulira, mano onse poyera, mitambo ikugwetsa maluwa. Miyezi yonseyi palibe anandiuza, ndachita kudzipezera ndekha ndili m'tulo.

Loweruka

Kusesa, kukolopa, kuchapa makatani. Tambala wagulidwa. Ndayeserera kugwada mpaka mawondo atupa.

Abambo akunyumba akuti, "Tayankha ndimve: muli uli?" Ndakana. Munthu woseka maloto a mnzake amvera limodzi ndi gulu mawa. Usiku wathawu ndinapemphera kuti lilime lisaterereke, chifukwa kunena zoona ndikuchita mantha. Ndikufuna mayi amenewa andione ngati mwana wawo, osati ngati ng'ombe zawo zotayika.

Lamulungu

Apongozi afika pakabaza, ndi alamu awiri ndi azakhali. Onse pamphasa. Ndagwada, manja pamodzi, maso pansi.

"Muli uli?"

Mokweza, momveka mpaka kwa aneba: "Nili khola, amama!"

Tambala yekha ndiye akumveka kubwata mumphika. Abambo akunyumba akuyang'ana kudenga ngati kuli chowerenga.

Apongozi andiyang'ana kuyambira kuduku mpaka kumawondo otupa. Kenako, m'Chichewa chosalala, Chichewa chimene sanandilankhulepo chikwatiwire: "Eya, mwana wanga, wanena zoona zenizeni. Ng'ombe zanga zonse zinalowa momwemo."

Azakhali agwa chammbali. Alamu akupukuta misozi. Ndiye Chichewa amachidziwa nthawi yonseyi! Sabata yathunthu ndikutseka misewu kumaloto, eni ake akusunga Chichewa m'thumba!

Adya ndiwo, ayamikira, andipatsa nyemba za kumudzi. Potsanzika andigwira dzanja nthawi yaitali, akuti ndizipita ku Manyamula, ndikawaseketse azimayi a kumpingo. Dzina la Chitumbuka andipatsa kale, ndipo pofika madzulo Che Mariamu anali atalimva.

Masana ndagona. Sindinalote kanthu. Makola onse aphwasuka, latsala limodzi lokha, ndipo likulemba izi.

NyaKhola.