Busta yanga inathera m'thumba la msilikali

Mpaka lero ndikakwera minibasi yodutsa ku Kawale ndimatsitsa chipewa kumaso. Kuli amayi kumeneko amene dzina langa salidziwa, koma akandiona amagwirana m'mapewa n'kuyamba kuseka. Ndalemba izi kuti mumve kwa mwiniwake, chifukwa nkhaniyi ikuyenda yothiridwa mchere wambiri (ena akuti ndinaluma munthu, sindinalume munthu aliyense).

Sukulu ndinasiyira Folomu 3. Musandifunse chifukwa, mafunso amenewo ndinayankha okwanira. Kwathu ku Area 23 ine ndine uja wotumidwa: kuchigayo ndine, kotunga madzi ndine, kokagula makala ndine. Alendo akabwera, mayi amawauza kuti achimwene a Madalitso amagwira ntchito ya zomangamanga, mlongo wanga ali ku koleji, akafika pa ine amangoti, "Uyu alipo." Ndilipodi.

Malo amodzi okha amene anthu amandifunafuna ndikasowa ndi m'gemu ya pa foni. Ndi gemu yankhondo, mumasewera anayi pa timu, mukulankhulana pa mahedifoni. Mtsogoleri wa timu yathu ndi Rashidi, wokonza mafoni ku Mtsiliza. M'timu imeneyo ine ndine wotsogola, amene amalowa m'nyumba ya adani koyamba, ndipo ndikachedwa kulowa pa netiweki anthu atatu amandiimbira. Kwa inu n'zachibwana. Kwa ine palibenso kwina komwe anthu atatu anandiimbirapo tsiku limodzi.

Ndiye kunabwera mpikisano wa matimu a mumzinda muno, Lamlungu. Lamulo lake linali limodzi: aliyense akhale atafika levulo 50. Ine ndinali pa 48. Rashidi sanazungulire.

"Aise, ndilibe nawe chifukwa, koma ikamakwana 3 koloko Loweruka ndikutumiza mayina. Ukakhala usanafike 50, malo ako atenga Kelvin."

Kelvin ndi wa ku Area 18. Foni yake ili ndi makamera atatu, koma amasewera ngati wavala magolovesi a pamaliro.

Sindinade nkhawa kwenikweni, chifukwa ndinali ndi busta. Kwa amene simudziwa, busta ndi kakadi ka m'gemumo kamene ukakadina, mapointsi onse omwe ukupeza amawirikiza kawiri kwa maola awiri. Yanga ndinaipeza polowa m'gemu masiku makumi atatu osaphonya, ngakhale tsiku lomwe ndinadwala malungo. Vuto lake ndi limodzi: ukaidina, wadina. Siima. Magetsi azime, netiweki ithawe, nyumba ipse, yokha ikungowerenga mphindi zake.

N'chifukwa chake busta sadinira phuma. Rashidi anatiphunzitsa ngati katekisimu: batire ikhale yodzaza, bandulo yatsopano, ukhale pamalo pomwe netiweki imagwira, ndipo anzako onse atatu akhalepo chifukwa mapointsi ochuluka amabwera mukapambana ngati timu. "Ndipo upite kaye kuchimbudzi," ankatero. Nthawi yokhayo yomwe tonse anayi tikanapezeka inali Loweruka, 1 koloko mpaka 3.

Loweruka lomwelo linali la chinkhoswe cha achimwene a Madalitso, kwawo kwa mlamu wanga Tiyamike ku Kawale. Pakalata analemba 1 koloko.

Apa ndi pomwe ndinadziona wanzeru. Ndinabadwira mu Lilongwe, zinkhoswe ndapitako zambiri, ndipo sindinaonepo chinkhoswe cha 1 koloko chikuyamba isanakwane 3. Pa 1 koloko amakhala akufunafuna chingwe cha chimkuzamawu. Pa 2 koloko wina wapita kukabwereka mipando kutchalitchi. Ndinati ndisewera maola anga awiri mwaufulu, ndikamamaliza ndipeza akuyamba pemphero.

Chomwe palibe anandiuza n'chakuti malume ake a Tiyamike, a Nkhoma, ndi msilikali wopuma.

Tinafika cha m'ma 12. Ndinathandiza kutsitsa katundu kuti anthu andione, kenako ndinazemba. Kuseri kwa mpanda wa oyandikana nawo kunali mtengo wa mango ndi njerwa zosanja, netiweki yodzaza. Ndinakhala pansi, ndinavala mahedifoni, anzanga onse atatu analipo. Itangokwana 1 ndinadina. Pasikirini panatuluka kawotchi kagolide: maola awiri.

Gemu yoyamba tinapambana mosavuta. Yachiwiri isanayambe ndinamva dzanja likundikoka khutu limodzi ndi hedifoni yomwe. Anali azakhali, alongo awo a bambo, atanyamula zitenje pamkono.

"Uli kuno iwe? Mwambo wayamba."

"Wayamba bwanji azakhali, ndi 1 koloko iyi."

"Ndiye pakalata analemba chiyani? Mdala uja waima pageti ndi wotchi. Tiye, mwana wa a Phiri sanafike, ulowa m'malo mwake. Msinkhu wako ndi wa Mada."

Mukudziwa mwambo wake. Akuchimuna amafunditsa zitenje anyamata angapo, kuyambira kumutu mpaka kumapazi, mmodzi mwa iwo ali mkamwini weniweniyo, ndipo malume a mkazi amayenera kuvundukula mpaka amupeze. Ukakhala wabodza, ntchito yako ndi yochepa: akakuvundukula, anthu amaseka, iwe umadzuka n'kuchokapo ukuvina. Mwana wa zaka khumi akhoza.

Ndinayesa kukana. Ndinati m'mimba mwandipotokola. Azakhali anati chitenje sichifuna m'mimba. Ndinati ndine wowonda kuposa achimwene. Anati nsalu ibisa. Pomaliza ananditembenuzira nkhope ija amaisungira maliro ndi milandu, n'kunena motsitsa, "Tsiku limodzi lokha m'bale wako akufune, iwe ukane?"

Anandifunditsa. Tinali atatu: ine, msuweni wathu Gift, ndi achimwene pakati.

Munsalu munali mdima, mukununkha sopo ndi utsi. Ndipo mumdima momwemo kawotchi kagolide kankawala m'manja mwanga: kwatsala ola limodzi ndi mphindi makumi anayi. Ndinayang'ana kumanja, nsalu. Kumanzere, nsalu. Ine sindikuona munthu, munthu sakundiona. Ndinazindikira kuti chibadwire sindinakhalepo ndi chipinda changachanga ngati chimenechi.

Ndinabwezeretsa mahedifoni.

"Unali kuti?" anatero Rashidi.

"Musadandaule, ndapeza ofesi."

Azakhali anandigwira m'mapewa kundiyendetsa, amayi akuimba, ine ndikusuntha mapazi pang'onopang'ono ngati ndikuvina, zala zili pa ntchito. Anatikhazika pamipando kutsogolo. Apa ndiyenera kuthokoza woyendetsa mwambo wa tsiku limenelo, bambo wokonda mawu ake kuposa mkazi wake. Analonjera mipingo yonse, anafotokoza mbiri ya chinkhoswe, ananena nthabwala zitatu zomwe anaseka yekha. Achimwene pambali panga ankapuma ngati ng'ombe, dzuwa la Okutobala likuwaphika munsalu. Ine ndinkapempha kuti bamboyo asamalize.

Tinapambana yachiwiri. Tinapambana yachitatu. Levulo 49 inalowa ndili phee ngati mkwatibwi wamanyazi, ndipo ndinamva kuti amayi ena ankayamikira kuti wa kumapetoyo ndi waulemu, mutu wangoweramitsa osagwedezeka.

Cholakwa changa chinali kukweza mawu a mahedifoni. Gemu yachinayi inali yovuta, tinatsala matimu awiri okha, ndipo pamenepo umafunika kumva mapazi a mdani. Ndinakweza mpaka kumapeto. Dziko la kunja linatha. Sindinamve kuti woyendetsa mwambo wamaliza. Sindinamve kuti a Nkhoma aitanidwa, azungulira mipando yathu, asuzumira nsapato. Sindinamve kuti avundukula Gift, anthu aseka, Gift wachoka akuvina monga mwa malamulo.

Chomwe ndinaona n'chakuti mwadzidzidzi sikirini yayera. Dzuwa linagwera pafoni, mdani amene ndimamuonerera kuseri kwa khoma anasowa m'kuwalako. Sindinaganize. Sindinadzutse mutu. Ndinangotambasula dzanja, kugwira nsonga ya chitenje, n'kuchikokera kumutu kwanga, ndikunena ndi mawu a munthu amene sakudzimva yekha:

"Tabwezani nsaluyo inu, sindikuona."

Akuti mawuwo anamveka mpaka kwa ophika kuseri.

Nsalu inakokedwanso. Ine ndinakokanso. (Apa ndi pomwe nkhani yoluma inachokera. Ndinagwira chitenje ndi mano chifukwa manja onse anali pafoni. Chitenje, osati munthu.) Kachitatu chinachoka ndi mphamvu yoti ndinatsala pang'ono kugwa pampando, mahedifoni anazuka m'foni, ndipo ndinadzutsa mutu.

Anthu odzaza matenti awiri. Mayi atagwira pakamwa. Azakhali atayang'ana kumwamba ngati akuwerenga malata. Patsogolo panga mdala wamtali wa suti yotuwa, chitenje m'dzanja, akundiyang'ana mmene amayang'anira nsapato yosapolisha. Pambali pake woyendetsa mwambo, chimkuzamawu chili chilozere kwa ine.

Foni, popeza mahedifoni anali atazuka, inayamba kulankhula yokha. Mawu a Rashidi anatuluka m'masipika onse a pachinkhoswe: "Waimiranji pamenepo ngati chitsa? Yenda, aise, akutimaliza!"

A Nkhoma anatambasula dzanja. Ndinawapatsa. Anaiyang'ana kutsogolo ndi kumbuyo, n'kuibweretsa pakamwa.

"Ndani ameneyu?"

"Ndi Rashidi. Inu ndinu ndani?"

"Ndine malume a mkazi. Mnzanuyu ali pa ntchito ya banja. Mumupeza ikatha."

Rashidi, mwana woleredwa bwino, anati, "Pepani bambo. Zabwino zonse."

Apo ndi pomwe tenti inaphulika. Amayi ena anagwa pamipando. Achimwene, akadali munsalu, ankagwedezeka, ndipo sindinadziwe ngati akuseka kapena akulira. A Nkhoma anaika foni yanga m'thumba la m'kati la jekete, anamanga batani, n'kuuza anthu kuti, "Uyu si mkamwini wathu. Tikuthokoza Mulungu." Atatero anavundukula achimwene, nthungululu zinalira, mwambo unapitirira.

Ine sanandilole kuchoka. Azakhali anati popeza manja anga sakhala chete, ndigwire tambala amene akuchimuna timapereka kwa akuchikazi. Ndinakhala kutsogolo, tambala pamiyendo, maso ali pa jekete ya a Nkhoma. Ndinkadziwa kuti m'thumba lija kawotchi kakuyenda, mphindi iliyonse yowirikiza kawiri ikupita osagwira ntchito. Masiku makumi atatu ankatha pang'onopang'ono pachifuwa cha munthu amene gemu yomwe amaidziwa ndi bawo. Tambala naye anandichitira zake pathalauza. Sindinamuimbe mlandu. Tonse tinali pamalo pomwe sitinafune.

Ndinayesa kamodzi. Nthawi yosinthana mphatso ndinasendera pafupi n'kunong'ona, "Malume, mphindi khumi zokha."

"Mwambo utha 3 koloko," anatero osandiyang'ana.

Unathadi 3 koloko, osapitirira ngakhale mphindi. Anandiitana pambali, anatulutsa foni, yotentha ngati mbatata yootcha.

"Anzako aja anapambana?"

Ndinayang'ana. "Ayi. Anaphedwa onse. Ndinawasiya atatu."

Anagwedeza mutu ngati nkhaniyo akuimva kuposa mmene ndimayembekezera. "Zimawawa zimenezo," anatero. "Koma ukanandifunsa, ndikanakuuza kuti ine 1 koloko ndi 1 koloko."

Kawotchi kanali katazimiririka. Levulo 49, kamzere katatsala pang'ono ngati chikhadabo kuti kadzaze. Uthenga wa Rashidi unali utafika kale: "Ndatumiza mayina. Pepa aise. Moni kwa malume."

Achimwene ndinkawaopa kuposa onse. Anandipeza ndikuchotsa za tambala pathalauza ndi chisononkho. Anandiyang'ana nthawi yaitali, n'kuti, "Ndinali pafupi kukomoka munsalu muja. Chinanditsitsimutsa ndi iwe." Mayi ndiwo sanandilankhule masiku anayi, ndipo kuchigayo ndinapita kawiri sabata imeneyo ngakhale ufa unalipo.

Lamlungu ndinapita ku Mtsiliza kukaonerera. Ndinakhala pabenchi m'shopu ya Rashidi, ndikuona Kelvin ali pamalo panga, akulowa m'nyumba ya adani chammbuyo. Timu yathu inatuluka mumpikisano m'gawo loyamba lomwe. Ndikanakonda kukuuzani kuti zinandimvetsa chisoni. Rashidi anati mpikisano wina ukadzabwera tidzaona, koma Kelvin ndi amene amagulira timu bandulo masiku ano, ndiye mukudziwa mmene "tidzaona" amathera. Foni yanga siiliranso ndikachedwa.

Phunziro lilipo, ndipo ndi laulere: musanadine busta, fufuzani kaye kuti malume a mkazi ankagwira ntchito yanji.

Sabata yatha abale anakhala pansi kugawana ntchito za ukwati wa mu Disembala. Wina zakudya, wina mipando, wina magalimoto. Atafika pa dzina langa, azakhali anati ameneyu asayandikire tchalitchi, asayandikire holo, asagwire nsalu ya munthu. Onse anagwirizana kuti chilango changa n'kutsala ndekha kunyumba tsiku lonse, kulondera.

Ndinaweramitsa mutu kuti aone kuti zandikhudza. Nyumba yopanda munthu, soketi yaulere, kuyambira m'mawa mpaka madzulo. Lero ndi tsiku lachisanu ndi chimodzi ndikulowa m'gemu osaphonya.