Maliro a Azakhali Amoyo

Lolemba
Digiri ili m'sutikesi, ntchito palibe. Koma ndapeza potulukira: sukulu ina ya mafilimu ku Spain ikufuna filimu ya mphindi zitatu pofika Lamulungu. Mbiri ya mafilimu a kumeneko ndaiwerenga. Nthawi ya ulamuliro wankhanza zandale zinkadulidwa m'mafilimu, ndiye ankabisa madandaulo m'misozi ya amayi ndi m'zinsinsi za m'banja. Ufulu utabwera misozi sanaisiye, anangoiveka zofiira. Ine ndipanga zomwezo konkuno ku Chirimba!
Zofunika:
- foni
- katani yofiira
- munthu wolira

Lachiwiri
Katani ndaipeza pa kaunjika amene azakhali amagulitsa ku Limbe. Wolira ndi azakhali omwewo. Avomera, bola ndisawajambule chammbali.

Lachitatu
Tikuyeserera pabalaza. Akungoseka. Akuti, "Ndilire chiyani, wamwalira ndani?" Ndikuwafotokozera za ku Spain. Akufunsa ngati kumeneko maliro enieni amasowa.

Lachinayi
Zatheka! Alira mpaka malata kunjenjemera. Vuto: zenera lili lotsegula. Ndisanayambe n'kujambula komwe, a Yusufu oyandikana nafe aimika minibasi yawo, aika masamba pamsewu. Azimayi akudzaza pabwalo, akulira kuposa azakhali. Uthenga wafika kumsika utapindika: akuti womwalira ndi azakhaliwo. Akwaya ayamba nyimbo. Azakhali atulukira pakhomo atafunda katani yanga. Anthu balala, ena adumpha ngalande.

Lachisanu
Kupepesa khomo ndi khomo, kubweza ufa ndi nkhuni. A Yusufu akuti ulendo wina ndiziyamba ndawauza, okwera awo anatsikira panjira. Azakhali alibe nazo ntchito. Akulemba mayina a amene anabwera kudzawalira.

Loweruka
Mndandanda watha. Mulibe dzina la a Nachisale, mnzawo wapamtima wa ku Chitawira. Uthenga unawapeza, koma akuti anayamba apita kukalukitsa tsitsi. Azakhali akulira zenizeni, atatsamira katani yofiira, dzuwa likuwagwera bwinobwino pankhope. "Zaka zonsezi, Nachisale!" Izi ndiye zimene ndimafuna sabata yonse! Ndithamangira foni. Yazima. Magetsi kulibe kuyambira m'mawa.

Lamulungu
Tsiku lomaliza, filimu palibe. A Nachisale abwera ndi nkhuku, tsitsi lolukidwa bwino. Akumbatirana, alira pang'ono, tadya mpaka kumasula lamba. Azakhali akuti ndikadzayesanso chaka chamawa ndiwauze msanga, pali ena awiri akuwakayikira.
Katani ndaipachika. Zenera ndatseka.