Dzina Limene Ndinakafukula ku Ntaja

Mpaka lero ndikamatsika minibasi pa Ntaja ndimatsitsira chipewa kumaso, ngakhale kuti amene anaona zija anakhululuka kale. Mlandu wake unali wa dzina, chonsecho pa nkhani ya maina ine sindinkaopa munthu.

Ndine telala pa Ulongwe. Makina anga amakhala pakhonde la golosale ina m'mbali mwa msewu, ndipo wobwera ndi nsalu sachoka ndisanamufunse dzina ndi kumene linachokera. Ndimadziwa kuti Mavuto anabadwa pakhomo pali njala kapena maliro, kuti Mwandida ndi uthenga wa mayi kwa apongozi ake, kuti Ayao ambiri amangotenga dzina la bambo kukhala lachiwiri pamene Achewa amakakamira Phiri ndi Banda wawo. Lathu la banja nalonso lili ndi mbiri. Agogo atawoloka kuchokera ku Mozambiki, mzungu wa ku esiteti analephera kutchula dzina lawo lachilomwe, n'kungowapatsa la chiwiya cha kukhitchini (musandifunse kuti chiti).

Nthawi imeneyo ndinali nditapeza mbeta, Esnati, mtsikana wa ku Ntaja amene ankagulitsa mpunga pafupi ndi ine. Iye ndi mayi ake ndi Akhristu, koma mwinimbumba wawo, mlongo wa amayiwo, ndi Msilamu wolemekezeka, Che Twaibu. Esnati anandiuza mosabisa kuti mjomba wakeyo akapukusa mutu, ukwati palibe.

Tsiku lina kunabwera mkulu wina kudzasoketsa mkanjo wong'ambika m'khwapa. M'kucheza ndinatchula Che Twaibu, ndipo mkuluyo anaseka mpaka kutsokomola. Anati anakulira limodzi, ndipo ali ana mnzakeyo ankatchedwa Kadzala. Mayi ake anali ataika m'manda ana angapo otsatizana, ndiye uyu atabadwa anamutcha dzina la kudzala kuti imfa imuyese chinyalala, imulambalale. Nkhaniyi inandikhudza kwambiri. Mkanjowo ndinausoka mwaluso, dzinalo n'kulisunga mumtima ngati nsalu ya Khirisimasi. Esnati sindinamuuze, ndinkafuna adzadabwe pamodzi ndi abale ake kuti wapeza mwamuna wofufuza.

Pa tsiku lokaonekera ndinapita ndi amalume anga a ku Kalembo, munthu wosayankhulayankhula. Tili pa kabaza kuchoka pamsika wa Ntaja anatembenuka n'kundiuza kuti kumeneko pakamwa ndi pawo, ine ntchito yanga ndi kuyang'ana pansi. Ndinavomera (kuvomera sikunandivutepo chibadwire).

Zonse zinayenda bwino. Tinakhala pamkeka pansi pa mtengo wa mango, amuna uku, amayi chapatali pang'ono. Amalume anayala nkhani, Che Twaibu anamvetsera akusisita ndevu, ndipo pomaliza anati mnyamatayu akuoneka waulemu. Kunabwera mpunga ndi nkhuku. Zikanathera pomwepo bwenzi lero ndilibe cholemba.

Koma titasamba m'manja, Che Twaibu eniake anandifunsa kuti dzina lachilendo la banja lathuli linabwera bwanji. Apa ndiye anandiyika pamakina anga. Ndinafotokoza za agogo ndi mzungu wa ku esiteti, anthu anaseka, ngakhale amayi kuja anaseka chobisa kukamwa ndi chitenje. Nditaona kuti nsalu ikuyenda, ndinapondanso. Ndinamasulira dzina la mlamu wanga, mchimwene wa Esnati, ndinamasulira la mwana wina amene ankadutsa ndi ndowa. Amalume anandiponda chala. Ine ndinayesa kuti mkeka wachepa, ndinasendera.

Kenaka ndinatembenukira kwa mwinimbumba, ndi nkhope ya munthu wopereka mphatso.

"Koma dzina lokoma kuposa onse pano ndi lanu, Che Kadzala."

Kuseka konse kunathera pomwepo. Ndinaganiza kuti sanamve bwino, ndiye ndinabwereza mokweza, n'kuwonjezera tanthauzo lake lonse: za ana omwalira aja, za dzala, za imfa yolambalala. Ndinafotokoza bwino, zimenezo palibe angatsutse. Nditamaliza ndinaona kuti amayi onse alowa m'nyumba, ndipo mlamu wanga akuyang'anitsitsa nyerere ina pamkeka.

Che Twaibu sanakalipe. Anakonza chisoti chawo, anadzuka, anavala nkhwaira, n'kunena kuti akupita ku mzikiti. Dzuwa linali lisanafike n'komwe pa nthawi ya swala.

Esnati anandipeza kuseri kwa nkhokwe atakwiya kwambiri. Anandiuza kuti mnyamata akalowa ku jando, chinamwali cha anyamata, dzina laubwana limatsala kusimba komweko, ndipo amatuluka ndi latsopano. Kumutchula mwamuna wamkulu dzina lakale ndiko kumuuza kuti akadali kamwana kosavinidwa, ndipo ine ndinanena zimenezo kawiri, pamaso pa alongo ake ndi adzukulu ake. Ngakhale mayi ake a Esnati, amene anayamwa bere limodzi ndi mkuluyo, sanalitchulepo chitulukire iye kusimba. Ine ndinakulira m'banja la mpingo umene unkaletsa zinamwali, ndiye ndinkadziwa matanthauzo a maina onse koma osadziwa kuti dzina limathanso kuikidwa m'manda.

"Ndiye ukwati?" ndinafunsa.

"Kafunseni amene anakupatsani dzinalo," anatero, n'kulowa m'nyumba.

Mantha anandigwira zenizeni. Esnati anasiya kubwera kumsika, ndipo ine ndinkasoka mizere yokhota mpaka makasitomala kudandaula. Amalume anayenda mtunda wa Kalembo ndi Ntaja mpaka nsapato kutha chidendene, atanyamula tambala wamoyo kuti eniake akazinge okha mwa chipembedzo chawo. Ulendo woyamba tambala anabwerera. Ulendo wotsatira Che Twaibu anamulandira. Pamapeto pake amalume anabweretsa yankho: ukwati uchitike, koma wodzamutcha dzina mwana woyamba ndi Che Twaibu. Ndinavomera msangamsanga, ndikuganiza kuti zikavuta adzakhala Yusufu kapena Amina.

Mwanayo anabadwa masiku asanakwane, wamwamuna, wochepa moti ankakwana m'dzanja limodzi. Tinakhala naye kuchipatala mitima ili m'mwamba, ndipo titatuluka palibe amene ankayankhula mokweza m'nyumba. Che Twaibu anabwera, anamunyamula, anamuyang'ana nthawi yaitali.

"Bambo ake anati dzina lija ndi lokoma," anatero. "Sananame iyayi. Ine linandisunga. Limusungenso uyu. Ndi Kadzala."

Ndinalira, sindibisa. Ndipo dzinalo linagwira ntchito yake, chifukwa lero Kadzala ndi chimnyamata chonenepa chimene chimandibera choko chosokera n'kumalemba pakhoma la golosale. Kutchalitchi ali ndi dzina lina la ubatizo, koma pa Ulongwe palibe amalidziwa. Ine ndimamuitana Kadzala m'mawa, masana, pamsika, paliponse, mokweza ndithu.

Vuto limabwera Che Twaibu akatichezera. Lamulo lija silinachoke, dzinalo pamaso pawo silituluka pakamwa panga. Mwana akamakwera pa makina ndimangoti "iwe, iwe, tsika apo," ngati ndikuthamangitsa mbuzi ya eni. Mkuluyo amakhala phee pampando akumwa tiyi, ndipo sipalephera, pamaso pa makasitomala anga onse, amaloza mdzukulu wawoyo.

"Atelala, inu odziwa maina, mwanayu paja dzina lake ndani? Ine ukalambawu ndayiwala."

Ndipo ine, katswiri wa maina pa Ulongwe ponse, ndimayang'ana singano n'kuyankha mwaulemu kuti nanenso ndayiwala.