Fyuzi Inali Pansi pa Apongozi

Anzanga, mukamandiona ndikukana kuyendetsa galimoto zamabatani ambirimbiri zija musamati ndine wachimidzi, ayi, ndili ndi chifukwa. Ine ndine dalaivala ndithu, kanta yonyamula thonje ndazungulira nayo Sinda yense ndi Katete yemwe, ndipo ikazima nyali ndimangopisa dzanja pansi pa chiwongolero, kuzula fyuzi, kumangapo kawaya, ulendo n'kupitirira. Ndiye tsiku limene alamu anga a Masauso anandipatsa kiyi wa galimoto yawo ine ndinangoseka. Galimoto ndi galimoto, si choncho?

Nkhani yake inali ya ukwati ku Vubwi, kumene amakwatiwa mwana wa mkulu wake wa mkazi wanga. A Masauso, alongo ake a mkazi wangayo, anabwera kuchokera ku Lusaka ndi chigalimoto chakuda cha ku Ulaya, mipando yachikopa, chitseko chikamatsekeka osamveka n'komwe. Iwo ndi amake Tiza, ndiye mkazi wangayo, anatsogola pa lole ya mipando ndi matenti. Apongozi anga, amayi awo, anatsala chifukwa linali tsiku lawo lokatenga mankhwala a bipi kuchipatala. Ntchito yanga inali imodzi yokha: m'mawa mwake kukawatenga kumudzi kufupi ndi Mkaika, n'kukawafikitsa ali bwinobwino.

Tsono inu mukudziwa za kwathu. Apongozi aakazi si munthu woti n'kumuyang'ana m'maso. Ine chikwatirire sindinakhalepo nawo pamphasa imodzi, tikakumana panjira wina amapatukira kutchire, ndipo ndikafuna kuwauza kanthu mawu amadzera kwa amake Tiza. Lero tili awiriwiri m'galimoto, iwo kumbuyo atatchena chitenje cha ukwati ndi duku lalikulu, ine kutsogolo khosi lili gwa, ngakhale kagalasi koonera kumbuyo ndinakapotolera kudenga.

Chimene chinandipweteka ndi kufuna kutamandidwa. Pamsika wa Katete ndinali nditagula kaketulo kolumikiza pa kabowo koyatsira fodya m'galimoto. Ndimati tikadutsa Chadiza ndiime ndiwaphikire tiyi, akafike ku Vubwi akusimba kuti mkamwini wawo ndi munthu wozindikira. Mu Okutobala, dzuwa likuswa mtengo, ine ndikuganiza za tiyi! Munaonapo uchitsiru wotere?

Ndinaimadi pakati pa tchire, mitengo yonse itayoyola masamba, mthunzi osaoneka. Ndinathira madzi, kulumikiza kaketulo. Kunangomveka kuti thi, kenako kafungo ka pulasitiki wopsa, ndipo mphepo yozizira ya eyakoni ija inangoti zii.

"Taimiranji?" anafunsa apongozi, nkhope atalozetsa kuwindo.

"Tikupumitsako injini, amayi," ndinayankha ndikuyang'ana chiwongolero.

Ndinazimitsa injini, kutsegula boneti ndi buti, kutuluka, kutseka chitseko kuti fumbi lisawalowere. Ndinakwera pachulu kufuna netiweki n'kuimbira a Masauso.

"Alamu, kuno zikuyenda bwino kwambiri. Ndimangofunsa chabe, munthu atafuna kuona mafyuzi a motoka ngati iyi..."

"Mwachita chiyani?"

"Palibe! Kungofuna kuphunzira."

"Bokosi lina lili ku injini, lina m'buti. Koma la eyakoni ndi zotchajira lili pansi pa mpando wakumbuyo, kumanzere, mumangonyamula khushoni. Chonde alamu musagwire chilichonse. Amayi ali bwanji?"

"Akusangalala," ndinatero, n'kudula foni.

Pansi pa mpando wakumbuyo, kumanzere. Anzanga, pamenepo mpamene anakhala apongozi. Ndiuzeni inuyo, ndikanayamba ndi mawu ati? Ndikati, "Amayi nyamukani, ndikufuna kupisa dzanja pamene mwakhalapo"? Ine? Pakamwa pomwe pano? Komanso kunena choncho kunali kuvomera kuti ndawononga galimoto ya mwana wawo tisanafike n'komwe. Ndiye ndinadziuza kuti a Masauso ndi munthu wa muofesi, mwina asokoneza, ndiyambe ndaona ku injini.

Nditatsegula chivundikiro mtima unagwa. Kanta yanga mafyuzi ake ndimawadziwa ngati ana anga. Umu munali tauni yathunthu, tofiira, tobiriwira, tachikasu, tina tating'ono ngati njere ya mpunga. Ndinapeza kachopanira kapulasitiki pambali, ndinazula imodzi, kuipenyetsa kudzuwa, kawaya kam'kati kali bwino. M'malo moibwezera pomwe ndaichotsa ndinaiponya m'thumba la shati, ndikuti ndibweza zonse pamodzi. Ndinazula ina, nayonso yabwino, m'thumba. Ina, m'thumba. Ndikuuzani, manja ankagwira ntchito okha, mutu unali utapita kale.

Mwadzidzidzi galimoto inakuwa. Kukuwa kwake kwa galimoto yoti ikubedwa, nyali zonse zikuphethira, mbalame kubalalika m'tchire. Ndinalumpha mpaka kugunda mutu ku boneti. Ndinatulutsa kiyi m'thumba n'kuyamba kudina batani lililonse, ndipo ndinamva zitseko zikuti khu, zonse pamodzi. Koma kukuwa osaleka. Poopa kuti bipi ya apongozi ikwera ndi phokosolo ndinabwerera kubokosi, kachopanira kutaya uko, kumangozula ndi zala chilichonse chogwirika, mpaka kunati zii.

Ndinapuma. Ndinapita kukatsegula chitseko changa kuti ndipepese. Chokana. Ndinadina kiyi, palibe. Kudinanso, kuugwedeza, kuupukuta pa thalauza, palibe. Ndinazungulira zitseko zonse ndikukoka, zonse gwa. Mawindo onse otseka mpaka kumwamba. Ndinaona apongozi akukoka chogwirira cha chitseko chawo, osatseguka, ndipo apo ndinakumbukira kuti a Masauso zitseko zakumbuyo anazitchera kuti zisamatseguke cham'kati chifukwa cha ana awo.

Mantha amene ndinamva sindinawamvepo. Galimoto yakuda, dzuwa lili paliwombo, mpweya wosalowa, m'katimo muli mayi wamkulu wodwala bipi, ndipo wamutsekeramo ndine. Denga lake ukaligwira limawotcha dzanja. M'maso mwanga ndinkaona kale ukwati utasanduka maliro, matenti omwe aja, mipando yomwe ija, ine nditakhala pakati pa bwalo akuchikazi onse atandizungulira, amake Tiza akundifunsa kuti amayi anga unawachita chiyani. Ndikanati chiyani? Ndimawaphikira tiyi?

Mwambo wonse ndinauiwala. Ndinamata nkhope pagalasi, manja uku ndi uku, kuwayang'anitsitsa apongozi kwa nthawi yoyamba chikwatirire.

"Amayi! Mukupuma? Musagone, amayi!"

Iwo anatembenukira kumbali n'kukokera duku kumaso. Ine ndinati basi, chizungulire chayamba. Ndinathamangira mbali inayo, kumatanso nkhope. Iwo kutembenukiranso kwina. Thukuta linali likutsika m'khosi mwawo, akudzikupiza ndi mpango, ndipo ankakweza dzanja n'kumalikankhira kutali. Ine ndinkaganiza kuti akutsanzika.

Ndinathamangira ku injini kuti ndibwezere mafyuzi. Kukhuthula thumba, dzanja lodzaza. Iti inali pati? Pansi pa chivundikiro panali chithunzi chosonyeza malo ake ndi manambala, koma maso anali odzaza thukuta, ina inagwera m'kati mwa injini, ina mumchenga. Ndimati ndikalowetsa imodzi, mtima umati kaone ngati akadali moyo, ndiye ndithamangire kuwindo, kumata nkhope, kukuwa, kubwerera. Ndinapemphera mapemphero onse amene ndimawadziwa, mpaka lodalitsa chakudya.

Apo kunatulukira mdala wina pa ngolo ya ng'ombe, atanyamula mitengo ya denga. Anaima, kutsika, kusuzumira.

"Muli munthu umu?"

"Apongozi anga, atate."

"Eee! Okubalirani mkazi?"

"Omwewo."

"Ndiye mwaima chiyani? Iswani galasi! Kapena mukufuna akapsere momwemo? Dikirani nditenge nkhwangwa."

Galasi la galimoto imeneyo ndinkadziwa kuti ngakhale nditagulitsa mbuzi zanga zonse sindingalikwanitse, koma ndinavomera ndi mutu, chifukwa apongozi sagulidwa pamsika. Mdala akupita kungolo, ndinakumbukira kuti m'mawa pokweza katundu ndinaona kachitseko kakang'ono m'kati mwa buti, kotulukira pakati pa mpando wakumbuyo, paja pamakhala chotsamira mkono. Buti inali chitsegukire. Ndinati ngakhale kampweya kokha kalowe.

Ndinadziponya m'buti chamutu. Kukankha thumba la mtedza, kukankha mapoto a mphatso, kukwawa chamimba mpaka kumapeto. Ndinamenya kachitseko ndi chibakera, kanatseguka, ndinalowetsa dzanja, kenako mutu, kenako ndinakakamiza phewa. Mpweya wotentha unandimenya kumaso ngati wa mu uvuni wa njerwa.

"Amayi, ndafika!"

Pampando panalibe munthu.

Ndinayang'ana pansi, ndikuti agwera pamenepo. Panali nsapato zawo zokha, zitaikidwa bwinobwino pamodzi. Anzanga, ndinakuwa. Sindikudziwa chimene ndinkaganiza, kaya kuti asungunuka, kaya kuti atengedwa ndi thupi lomwe, koma ndinakuwa ngati mwana, misozi ndi mamina. Ndinati ndibwerere m'mbuyo, phewa lakana. Kutsogolo, lakana. Ndinali nditatsekeredwa pakabowo, mutu m'galimoto, miyendo ikupalasa kunja.

Ndiye ndinamva mawu odekha kumbuyo kwanga, kunja, cha kumiyendo.

"Atate ake Tiza, musalire. Ndili pano."

Ndinakweza maso. Chitseko cha dalaivala chinali chotsegula.

"Amayi... mwatuluka bwanji?"

"Ndadumphira kutsogolo n'kukoka chogwirira. Ndinaganiza kalekale zoyesa chimenecho. Koma ndikanakwinya bwanji chitenje n'kutang'adza mipando inu mutamata maso pagalasi? Ndimakuuzani ndi dzanja kuti chokani, inu osamva. Ndatsala pang'ono kufa ndi ulemu wanu womwewo."

Anafunsa chimene ndimafuna m'galimoto monse muja, ndipo ndili chomwecho, mutu m'kabowo, ndinaulula kuti fyuzi yake inali pansi pa mpando umene anakhalira.

"Osangoti ndinyamuke bwanji?"

"Ndimaopa, amayi."

Mdala uja anafika ndi nkhwangwa yake, kupeza wodwala waima panja opanda nsapato, wopulumutsa ndiye wakodwa. Anaseka mpaka kukhala pansi. Atatha anati andikoke. Anagwira miyendo ya thalauza, kuponda bampala, kukoka ndi mphamvu za munthu wozolowera ng'ombe. Chimene chinatuluka ndi thalauza basi. Ine ndinatsala momwemo.

Kenako apongozi anati, "Tsopano woyang'ana kumbali ndine," ndipo ndinamva mapazi awo akupita cha kutchire.

Ulendo wachiwiri mdala anagwira akakolo, ndinatuluka phewa litasupuka. Ndinavala msangamsanga. Apongozi anakhala pamthunzi wa ngolo akumwa madzi a m'kaketulo aja, omwe sanatenthe n'komwe. Ndinatsegula zitseko zonse, kunyamula khushoni, bokosi lili pompo monga ananenera a Masauso. Yoyamba kuizula, yachikasu, kuipenyetsa kudzuwa, kawaya kake koduka, pulasitiki itada. Pachivundikiro panali zapadera, ndinatenga ya mtundu womwewo ndi nambala yomweyo n'kulowetsa. Za ku injini zija ndinazibwezera imodziimodzi motsatira chithunzi, modekha, yogwera mumchenga kuipemerera, yotayika kuilowetsera yapadera. Nditaliza injini mphepo yozizira inabwera, ndipo ndinatsala pang'ono kugwada pamsewu.

Titafika ku Vubwi a Masauso anathamangira galimoto yawo, kuizungulira, kenako kufunsa amayi awo kuti ayenda bwanji. Apongozi anakonza duku n'kunena kuti, "Tayenda bwino, mwanangu. Kunja kokha ndiye kwatentha." Ndinati Mulungu adalitse mayi ameneyu, nkhani yafera pamsewu.

Mawa lake ukwati utatha, tikulongedza mipando, amake Tiza anandikokera pambali, nkhope itakwinyika.

"Atate ake Tiza, amayi andituma mawu. Akuti tikafika ku Katete ndikugulireni makabudula am'kati atsopano, amene muli nawowo akuti ndi chibowo chokhachokha. Tandiuzani, iwo adziwa bwanji?"

Mpaka lero sindinamuyankhe. Koma ndinalumbira pomwepo, ndipo ndikubwereza pamaso panu: galimoto ya eni sindidzaigwiranso fyuzi, kaya izime, kaya ilire, kaya iyake moto. Ndipo tsiku lina akadzati nditenge apongozi, ndidzawakweza kumbuyo kwa kanta, pamwamba pa mabelo a thonje, pamene palibe chitseko choti n'kuwatsekera.