A Makandulo ndi Rimoti Yachiwiri

Mu msewu wathu uno munali bambo wina amene ankayatsa makandulo masana, dzuwa likuswa mtengo, magetsi ali ngwee, n'kuyamba kumenya mphepo. Sindikunama ayi. Munthu wamkulu, wadazi lake, wazidzukulu, malaya atapisira bwinobwino, akukwapula m'malere mopanda kanthu uku akukuwa kuti, "Bwera nawonso umenewo!" Dzina lawo lenileni tinaliiwala kalekale. Tonse, mpaka ana ongophunzira kuyankhula, tinkangoti a Makandulo.

Ntchito yawo inali yokonza mawotchi, ndipo shopu yawo inali chipinda chakumaso kwa nyumba, cha zenera lalikulu loyang'ana kumsewu. Mafoni atachuluka anthu anasiya kuvala mawotchi, bambo aja n'kumangowodzera patebulo. Mwana wawo wamwamuna, amene amagwira ntchito kutali, anawamvera chisoni. Anawabweretsera kompyuta yakale n'kuikamo pulogalamu ina yake yopusitsa kompyutayo kuti izidziyesa makina a magemu. Anawasiyiranso marimoti awiri oyera, aja oti ukagwedeza mkono, kamunthu ka pa sikirini nako kamagwedeza wake. Chinasowa ndi chinthu chimodzi: kandodo ka timagetsi kamene kamakhala pansi pa sikirini kuti rimoti izidziwa kumene yaloza.

"Ababa, musadandaule," anatero mwanayo. "Rimotiyi imangofuna kuona timoto tiwiri. Ikani kandulo uku, wina uku, basi."

Akanadziwa zimene ankawayambitsira amayi ake, mwana ameneyu akanangotseka pakamwa.

Pajatu mayi a m'nyumbamo anali a Hedi, mphunzitsi wamkulu. Sukulu anapuma kalekale, koma uhedi sunawachoke pankhope. Theka la msewu uno linadutsa m'manja mwawo, moti a Bucha ogulitsa nyama, chimunthu chodzaza pakhomo, mpaka lero akawaona amabisa ndudu kumbuyo. Ndiye taganizani, mayi woopedwa chotero, amuna awo n'kumalumphalumpha pazenera ngati alumidwa ndi mavu, anthu a pamsewu ataunjikana! A Hedi ankasowa pobisa nkhope. Kugolosale anayamba kudzera njira yakuseri.

Kusewerako kunali kwabwinoko. Zochititsa manyazi zenizeni zinali pa kulumikiza. Kuti rimoti igwirizane ndi kompyuta, pankafunika kuitsegula kumsana, kudina kabatani kofiira pafupi ndi mabatire, nthawi yomweyo dzanja linalo likudina pa kompyuta. Timagetsi tabuluu tinkayamba kuphethira. Mwina zitheke, mwina zikane, palibe ankadziwa. A Makandulo anaona kuti nkhaniyi ndi ya mumtima.

"Zikufunsirana," ankanong'ona, kasikuludiraiva ka mawotchi kali m'manja. "Rimoti yapereka mawu, kompyuta ikuganizira. Munthu asatsokomole!"

Ikakana katatu, ankatuluka panja, poganiza kuti bulutufu ya m'mafoni a anthu, ija yolumikizira zinthu popanda waya, ndiyo ikusokoneza.

"Zimitsani mabulutufu! A Telala, foni yanuyo ikusokoneza chibwenzi!"

"Foni yanga ilibe ndi moto womwe, bambo," ankatero a Telala, osoka zovala pafupi pomwepo.

"Izimitsenibe!"

Ndipo anthu ankazimitsadi. Mayi wa pasaluni ankasiya mutu wa kasitomala uli mbali imodzi, a Bucha n'kuimika chikwanje m'mwamba, msewu wonse uli zii. Kenako rimoti ija inkanjenjemera m'manja mwawo, kagetsi kamodzi n'kuyaka osaphethiranso.

"Yalola!"

Msewu wonse m'manja. A Hedi kukhitchini ankagundanitsa mapoto dala kuti asamve.

Koma chibwenzi chimodzi sichinkawakwanira bambo aja. Tsiku lililonse ankalumikiza marimoti onse awiri. Yachiwiriyo ankaipukuta ndi kansalu kopukutira magalasi a mawotchi, n'kuiika pampando wa khushoni pafupi ndi iwo.

"A Hedi, malo anu awa. Gemu imodzi yokha ya tenesi, mayi. Imodzi."

"Bambo, ine ndinaphunzitsa madokotala ndi maloya. Lero ndiziyamba kuthamangitsa ntchentche pazenera?"

"Madokotala anuwo atabwera pano, mpira umodzi sangabweze."

"Mukule, bambo."

"Ndinakula kale, sizinandisangalatse."

Ambiri ankaipempha rimoti imeneyi. A Telala anaipempha, a Bucha anaipempha. Onse ankabwerekedwa yoyamba ija, kumasewera mosinthana. Ukangotambasulira dzanja ku ya pampando, a Makandulo ankakumenya chala. "Imeneyo ili ndi mwini wake." Pa zonse za padziko lino, chimene bambo ameneyu ankafuna kwa mkazi wake chinali gemu imodzi basi, ndipo msewu wonse unkadziwa.

Mdani wawo wina linali dzuwa. Likangolowa pazenera, rimoti inkaliyesa kandulo wachitatu, kamuvi ka pa sikirini n'kuyamba kuvina, kuloza uku, kuloza uko. A Makandulo ankalikalipira maso ndi maso. "Iwe, wakuitana ndani muno? Dziko lonseli lakuchepera?" Anthu panja akugubuduka ndi kuseka. Apa m'pamene a Hedi ankalowa, milomo ili chimangire, n'kukoka makatani, shwaa! kuti aliyense azipita kwawo. Mdima ukangogwa m'chipindamo, kamuvi kaja kankakhazikika.

"Mwaonatu?" a Makandulo ankauza a Telala. "Mayi awa sayansi amaidziwa. Amanditsekera dzuwa osawatuma. Chikondi chimenechi, achimwene!"

A Hedi sankawatsutsa. Ankangoima pang'ono, kuyang'ana mpira ukupita ndi kubwera, kenako n'kutsonya n'kutuluka. Zinkachitika choncho tsiku ndi tsiku.

Tsoka linabwera ndi mlendo. Mwana wina amene a Hedi anamuphunzitsa anali atakhala jaji, ndipo anatumiza uthenga kuti abwera kudzawaona aphunzitsi ake. A Hedi anatulutsa makapu a m'kabati, aja osagwiridwa, n'kuwapempha amuna awo mwaulemu wonse.

"Lero lokha, bambo. Lero lokha mukhale munthu."

"Musadere nkhawa, mayi. Ndikhala phee ngati wotchi yakufa."

Anakhaladi phee mpaka tiyi atathiridwa. Jaji ali mkati moyamikira aphunzitsi ake, kuti popanda iwo sakanafika pamene ali, kuchipinda chakumaso kunamveka mawu otsitsa koma omveka bwino: "Yalola." A Hedi anakweza mawu kufunsa za ana. Kunamveka mapazi, di! di! di! A Hedi anafunsa za mvula. Pofuna kuchita mwakachetechete ndi mofulumira, a Makandulo anali ataiwala kumanga kachingwe ka rimoti padzanja. Atakwapula mpira wamphamvu, rimoti inawapulumuka, inadutsa pakhomo, inapala khutu la jaji n'kukagwera mu tipoti, chubwi! Tiyi pa tayi, tiyi pa suti, tiyi mpaka m'nsapato.

A Makandulo analowa thukuta lili kamukamu, n'kuthamangira tipoti.

"Mayo, yamwa madzi!"

Anaivuula, anaipukuta pamalaya, kenako n'kutembenukira kwa mlendo. "Takulandirani, bwana. Pepani, kafoni kanuko bulutufu yake ndi yoyatsa?"

Jaji anaseka, n'kunena kuti palibe kanthu. Koma a Hedi sanaseke. Galimoto itangochoka, anatembenuka pomwepo pakhonde, a Telala akumva, a Bucha akumva, mayi wa pasaluni akumva.

"Dzina limene ndinamanga moyo wanga wonse mwaligwetsa ndi kachidole. Ndimachita nanu manyazi, bambo. Manyazi! Ndipo musadzandiitanenso."

A Makandulo anayang'ana rimoti yonyowayo, anayang'ana akazi awo.

"Chabwino, mayi."

Sanawaitanenso. Rimoti ija inauma padzuwa n'kuchira, makandulo anapitiriza kuyaka, mabulutufu anapitiriza kuzimitsidwa. Yachiwiri ija ankaiikabe pampando wake. A Hedi ankalowabe kudzakoka makatani, ndipo poona mpandowo ankayang'ana kumbali. Mumtima ankati adzawapepesa tsiku lina, akadzapeza poyambira. Munthu amene wakhala akulangiza ena moyo wake wonse, mawu oti pepani amamulemera kukamwa.

Tsiku lina m'mawa a Makandulo anakhala pampando kuti amange zingwe za nsapato, ndipo sanadzukenso.

Msewu uno unazizira, abale. Masana ankafika, osamva munthu akukalipira dzuwa. A Bucha ankapezeka azimitsa okha bulutufu nthawi yake ikakwana, kenako n'kukumbuka. Mwana wawo uja anaimba foni kuti adzatenge kompyuta apatse adzukulu, a Hedi anangoti, "Isiye kaye." Makatani a shopu anakhala chitsekere.

Patapita milungu, mayi wa pasaluni anawaona a Hedi kugolosale, atadzera njira ya kumaso, akugula makandulo magetsi alipo. Masana a tsiku lomwelo anaima pakhomo la a Telala, maso ali pansi.

"A Telala, tabwerani mundithandize. Koma musandiseke."

Anali atayesa okha kuyatsa gemu ija m'mawa wonse, zikukana. A Telala anabwera pamodzi ndi mayi wa pasaluni ndi a Bucha. Panalibe mmodzi yemwe ankadziwa zonse, koma aliyense ankakumbukira kake. Mayi wa pasaluni anati makandulo atalikirane pang'ono. A Telala anati pulogalamu ija iyambe yatsegulidwa. A Bucha anatuluka panja, anatsokomola, n'kukuwa kuti, "Zimitsani mabulutufu!" Msewu unamva, unakhala zii.

A Hedi anatenga rimoti ya pampando. Inali yoyera mbee, yopanda chala cha munthu. Anaitsegula kumsana, anadina kabatani kofiira ndi kasikuludiraiva ka amuna awo, a Telala akudina pa kompyuta. Timagetsi tinaphethira, tinaphethira. Palibe anatsokomola. Rimoti inanjenjemera m'dzanja lawo, iwo n'kudzidzimuka.

"Yalola," anatero a Bucha motsitsa.

Pa sikirini panaoneka bwalo la tenesi. Mu gemu imeneyi munthu amadzipangira kamunthu kake, kusankha tsitsi, maso, mphuno. Kamene kanatulukira pa rimoti yachiwiri, kopangidwa ndi a Makandulo, kanali kamayi ka magalasi, tsitsi lomanga kumbuyo, nsidze zokumana, milomo yokhotera pansi. A Hedi enieni, ngati akufunsa amene sanalembe homuweki! Mayi wa pasaluni anaphulika kuseka, a Bucha nawonso, ngakhale a Hedi kumwetulira kunawapulumuka. Kenako kuseka kunatha. Pambali pa kamayi kaja, mbali yomweyo ya ukonde, panaima kamdala kadazi koyendetsedwa ndi kompyuta, kakumwetulira mpaka m'makutu, kakudumphadumpha kudikira mpira.

A Hedi anakhala pansi pampando uja.

"A Telala, makataniwa sindinkawatsekera dzuwa ine. Ndinkatseka kuti anthu asawaone. Anapita akuyesa kuti chinali chikondi. Manyazi amene ndili nawo lero aposa onse aja."

A Telala anakanda m'mutu.

"Ankadziwa, mayi."

"Mukuti bwanji?"

"Ankadziwa. Ine ndinawafunsa kuti bambo, dzuwa likukuvutani chonchi, bwanji osatseka nokha musanayambe? Iwo anati, 'Ndikatseka ndekha, mayi aja alowa muno kudzatani? Ndimatsegula dala. Akabwera kudzatseka amaima pang'ono n'kuonerera. Tsiku lina adzaima nthawi yaitali.'"

A Hedi anavula magalasi, anawapukuta, anawavalanso, anawavulanso. Kenako anamanga kachingwe ka rimoti padzanja, molimba, n'kuimirira.

"Tsegulani makatani."

"Dzuwa lisokonezatu, mayi."

"Lisokoneze. Tsegulani onse."

Panja anthu anali ataunjikana kale. Mpira unabwera, a Hedi anakwapula mphepo ndi mphamvu zonse, n'kuphonya kutalitali. Palibe anaseka. Unabwera wina, anaphonyanso, mpaka magalasi kupendekeka. Apo a Bucha analephera kudzigwira, msewu wonse n'kuwatsatira, a Hedi nawonso akuseka misozi ikutsika.

Masiku ano makandulo amayakabe masana m'shopu muja. Si chimodzimodzi ayi. Dzuwa limalowa mmene likufunira popanda wolifunsa, ndipo mawu oti "Yalola!" palibe amawatchula mokoma ngati mwini wake. A Hedi tenesi saitha, tisanamizane, ndi oipa kwabasi. Koma mpira umene iwo aphonya, kamdala kadazi kaja kamauthamangira n'kuubweza, kosadandaula, kenako n'kumadumphadumpha pambali pawo. Mukadutsa pazenerapo mwakachetechete mudzawamva a Hedi akukauza, maso ali pa sikirini:

"Imani bwino, bambo. Anthu akutiona."